Mawu Amene Zuhura Anadula

1. Telala wa pa sikirini

Bambo Fakiri anali telala wa pakhonde la sitolo ina pa boma la Nkhotakota kwa zaka makumi awiri ndi zitatu. Anthu ankawadziwa ndi zinthu zitatu: kofia yoyera, magalasi omangidwa ndi ulusi mbali imodzi, ndi kuchedwa kudula nsalu. Ukawapatsa nsalu Lolemba, iwo ankayamba adula kaye nyuzipepala, kukuyeza nayo, kuikonza, ndipo sizasi inkakhudza nsalu yeniyeni Lachitatu. Amayi okonzekera zikwati ankadandaula, koma ankabwerabe.

"Pepala ukalakwitsa umatola lina," ankatero bamboyo. "Nsalu ya mwini ndi imodzi."

Anamwalirira ku Liwaladzi, kwa mkazi wawo wamng'ono, a Nasra, atadwala masabata atatu. Mkazi wamkulu, a Habiba, anatsala pa boma ndi mwana wawo mmodzi yekhayo, Zuhura, wa Fomu 3. Akazi awiriwa anali asanalankhulane kwa zaka zisanu ndi ziwiri.

Tsiku la maliro, a Nasra atafika ndi thupi, anakumana ndi Zuhura pakhomo. "Asalamu aleikumu, mwanangu," anatero. Zuhura anatembenuka n'kuyang'ana khoma. Kwathu kuno moni umenewu sausiya m'malere, ngakhale achokere kwa mdani wako, koma mtsikanayo ankaona ngati akuwamenyera nkhondo mayi ake.

Tchuthi chitayamba, Zuhura analembetsa maphunziro a kompyuta m'kachipinda kena kuseri kwa msika. Munali makompyuta asanu ndi imodzi, ana makumi awiri. Ankaphunzira kupanga zithunzi zoyenda za pa intaneti ndi kulemba timalamulo touza zithunzizo chochita. Mphunzitsi wawo, Madamu Fainess Mhone a ku Dwangwa, anawapatsa ntchito yotsekera maphunziro: aliyense apange tsamba lokhala ndi chithunzi choyenda ndi batani limodzi, loti munthu akadina pachitike kanthu.

Mwawi, mtsikana amene ankagawana kompyuta ndi Zuhura, anapanga nkhuku yojompha chimanga. Nkhukuyo inali ndi vuto. Ikajompha kachitatu mutu unkapitirira wokha, thupi n'kutsala m'mbuyo.

Zuhura anajambula bambo ake. Anawajambula atakhala pa makina, tepi ili m'khosi, ndipo sanaiwale ulusi wa pa magalasi. Phazi lokha analijambula kakhumi ndi kawiri, chithunzi chilichonse chosiyana pang'ono ndi chinzake, kuti zikamasinthana mofulumira lizioneka likuponda makina. Kenaka analemba mizere isanu ya malamulo: batani likadinidwa phazi liime, mutu udzuke, pakamwa patseguke. Masiku awiri chithunzicho chinangoti duu, osasuntha, mpaka Madamu anapeza kachizindikiro kamodzi kamene anatsegula koma osatseka.

Atakakonza, telala uja anadzutsa mutu n'kutsegula pakamwa. Panalibe mawu.

"Iwe, telala wakoyu akuyasamula," anatero Mwawi akuseka. Ataona nkhope ya mnzakeyo analeka kuseka, napepesa.

2. Kachitini ka singano

Mawuwo analipo, ndipo Zuhura ankadziwa pamene anali.

Kutatsala masiku awiri kuti amwalire, Bambo Fakiri analankhula m'foni ya a Nasra uthenga wopita kwa banja la pa boma. A Nasra anauika pa kamemori khadi, kochepa ngati chikhadabo, n'kukapereka pa maliro kudzera mwa azakhali a Maimuna, alongo ake a malemuwo. A Habiba anaumvera kamodzi kokha tsiku lomwelo. Kenaka anachotsa kamemoriko m'foni yawo ya mabatani, kukakulunga m'kapepala, n'kukaika m'kachitini kamene amuna awo ankasungiramo singano.

Tsopano a Habiba anali pa eda, miyezi inayi ndi masiku khumi imene mayi wamasiye amakhala pakhomo osapita kwina kulikonse. Loweruka la sabata imeneyo linali la arubaini, sadaka ya masiku makumi anayi.

Lachitatu masana Zuhura anawapeza mayi ake akusankha mpunga ndi azakhali aja, nagwada.

"Amayi, mundibwerekeko kamemori kaja. Ndikufuna mawu a ababa pa ntchito ya kusukulu. Ndibweza tsiku lomwelo."

"Ayi," anayankha a Habiba osadzutsa mutu. "Tidzamvera limodzi Loweruka, alendo akachepa. Ine ndemwe ndikudikira."

"Koma amayi, mukanaona zimene ndapanga..."

A Maimuna anaika lichero pansi. Anali mayi wosakweza mawu, koma akayamba kulankhula sankasiyira panjira.

"Zuhura, tamvera. Ife sitikudana nazo za makompyuta zakozo. Phunzira, mwina ndi zimene zidzakudyetse. Koma pali zinthu zobwereka ndi zinthu zosabwereka. Mpeni umabwereka, mtondo umabwereka, chifukwa zikatayika timapeza zina. M'kachitinimo muli mpweya womaliza wa mlongo wanga. Iye sadzadzukanso kuti abwereze. Anzathu amatsala ndi nyumba, ena maboti, ena minda ya mpunga. Mayi akowa atsala ndi makina akale ndi mawu amenewa basi. Ndiye iwe ukufuna uwanyamule m'thumba la siketi, udutse nawo mumsika? Masiku atatu si chaka. Ana a lero mumaona ngati kudikira ndi matenda. Bambo ako ankasunga nsalu ya munthu masiku awiri asanaidule, iwe walephera kutengerako ngakhale pang'ono? Chimene mwini wake wati ayi, ngakhale mtima wako ukhale woyera bwanji, ukachitenga waba."

"Ndamva, azakhali," anatero Zuhura.

Anamvadi, koma ndi makutu okha. M'mutu mwake munali kale chithunzi china: iye akuwaonetsa mayi ake tsamba lija pa arubaini, bambo ake akudzutsa mutu n'kulankhula, mayi ake akumwetulira koyamba chichitikire maliro. Cholinga chinali chabwino, ndipo n'chimene chinamupusitsa.

Lachisanu m'mawa, mayi ake ali kubafa, azakhali akupeta mpunga kuseri, analowa kuchipinda n'kutsegula kachitini kaja.

3. Lamulo la Madamu

Madamu Mhone anali ndi lamulo limodzi limene ankalibwereza mpaka ana ankalinena nawo mowanyogodola. M'mawa umenewo analinenanso.

"Lero ndi tsiku lomaliza, ndipo ndikudziwa kuti muli pa liwiro. Magetsi azima leveni koloko, mwamva kale. Koma ndikuuzeninso. Chilichonse chimene mwabwera nacho, kaya chithunzi, kaya nyimbo, kaya mawu, yambani mwakopera kaye. Mugwire ntchito pa kope, choyambacho muchisiye pambali ngati mbewu. Alipo kwanu amene amaphika mpunga wa mbewu? Kompyuta ilibe chisoni, ana inu. Siidziwa kuti ichi ndi chithunzi cha nkhuku, ichi ndi cha ukwati wa mayi ako. Imachita zimene waiuza, osati zimene umafuna kuiuza. Ndipo ikakufunsa funso, werenga. Imafunsa kamodzi. Ine ndinataya ntchito ya miyezi itatu ku koleji chifukwa chodina ndisanawerenge, ndinalira ngati mwana, koma sinabwerere. Kuthamanga sikufika."

Mwawi ndiye anayamba kukhala pa kompyuta, kulimbana ndi mutu wa nkhuku yake. Pamene ankadzuka n'kuti kwatsala mphindi makumi awiri kuti magetsi azime.

Zuhura analowetsa kamemori kaja. Munali fayilo imodzi yokha, ya mphindi zinayi ndi masekondi khumi ndi awiri. Anaganiza zokopera, koma atayang'ana wotchi ya pakhoma anangoitsegula pomwepo mu pulogalamu yodulira mawu. Anavala mahedifoni, nadina.

"Asalamu aleikumu, amake Zuhura. Ndine."

Kenaka kunamveka chifuwa, chifuwa chija chimene ankachimva kuseri kwa khoma chaka chonse chatha. Zuhura anaimitsa. Misozi inatseka sikirini yonse. Sakanatha kumvera zotsalazo pakati pa ana makumi awiri, ndiponso anakumbuka kuti mayi ake anati adzamvera limodzi. Anadziuza kuti angotengako moni wokhawo, zinazo azisiye osazimva.

Anasankha masekondi asanu ndi limodzi oyambirira. Zotsalazo anazidula. Atadina poseva kuti asunge moniwo, kompyuta inatulutsa kabokosi ka mawu a Chingerezi, kofunsa ngati akufunadi kuti fayilo yatsopanoyi ilowe m'malo mwa yakale ya dzina lomwelo. Zuhura sanawerenge. Anapukuta m'maso ndi mpango, navomera, natseka pulogalamuyo.

Anawonjezera mzere umodzi pa malamulo ake aja, woitana mawuwo. Kenaka anavula mahedifoni n'kudina batani.

Phazi linaima. Telala anadzutsa mutu, natsegula pakamwa.

"Asalamu aleikumu, amake Zuhura. Ndine."

Ana awiri achisilamu anayankha moniwo asanazindikire kuti akuyankha chithunzi. Ena anasiya makompyuta awo kudzaunjikana kumbuyo kwake. Madamu anaonera kawiri, nagwira Zuhura paphewa.

"Iyi ndiye ntchito. Pakamwa ndi mawu zikuyendera limodzi bwinobwino. Mawuwa ndi a bambo ako enieni?"

"Eya, Madamu. Ndadula pa uthenga umene anasiya."

"Uthenga wonsewo uli kuti?"

"Uli pa kamemoripo."

Madamu anawerama natsegula kamemoriko. Munali fayilo imodzi. Pambali pake panalembedwa masekondi asanu ndi limodzi.

"Chiuta wane! Kope lili kuti, Zuhura?"

Zuhura anapukusa mutu.

"Tsegulanso pulogalamu ija msanga, mwina..."

Magetsi anazima.

4. Madzi akatayika

Ana ena onse atapita, Madamu anayesa kubweza mawu ofufutikawo pa laputopu yawo kwa ola lathunthu. Anayesa njira ina, nayesa inanso. Zuhura anaima pambali pawo akupemphera chamumtima mapemphero onse amene anaphunzira ku madrasa. Pomaliza Madamu anachotsa kamemoriko n'kumuika m'dzanja, napinda zala zake pamwamba pake.

"Zatsopanozi zalembedwa pamwamba pa zakale. Nzeru zanga zathera pamenepa. Sindikukalipira, mwana wanga, chifukwa chilango uli nacho kale m'dzanjamo. Koma undimvere pa chinthu chimodzi ichi, poti china chija sunandimvere. Upite ukawauze mayi ako lero lomwe, dzuwa lisanalowe. Kulakwa kwa dzanja kumakhululukika msanga. Kubisa ndiye kumawola. Akamva kwa iwe adzalira nawe limodzi, koma akakatulukira okha pamaso pa anthu, udzakhala wawalanda mawu a amuna awo n'kuwachititsanso manyazi. Ukufuna ndikuperekeze?"

"Ayi, Madamu. Ndikanena ndekha."

Kunyumba anapeza pabwalo pali piringupiringu. Amayi a m'mudzi anali atabweretsa nkhuni ndi mapoto akuluakulu, mbuzi itamangidwa pa mtengo wa mango. Analowa kuchipinda, nabwezera kamemori m'kapepala kake, natseka kachitini. Potembenuka anaona mayi ake ataima pakhomo, atanyamula diresi yobiriwira.

"Unali kuti nthawi yonseyi? Tayesa iyi. Bambo ako anaidula asanapite ku Liwaladzi, anati ndi yako ya pa Idi. Ndaimaliza pamanja kuti uvale mawa."

Zuhura anaivala. Inamukwana ndendende, paphewa, m'chiuno, paliponse. Bambo ake sankaphonya muyeso.

"Ukulira chiyani?" anafunsa a Habiba, akumukonza kolala. "Usalire. Mawa uwamva akulankhula."

Pamenepo ndiye panali poti anene. Mawu anafika pakhosi, koma nkhope ya mayi ake inali yowala koyamba m'masiku makumi atatu ndi asanu ndi anayi, ndipo Zuhura anachita mantha kuizimitsa. Anameza mawuwo, nati diresiyo ndi yokongola. Uku kunali kulakwa kwake kwachiwiri, ndipo kunaposa koyamba kuja.

5. Moni wosatha

Arubaini inayenda bwino. Ashehe anawerenga dua, mapemphero opempherera malemu, anthu anadya mpunga ndi nyama ya mbuzi, ndipo pofika cha m'ma fili koloko amuna anali atabalalika. M'nyumba munatsala a Habiba, a Maimuna, amayi asanu achibale, ndi Zuhura atakhala pakona pa mkeka m'diresi yake yobiriwira.

A Habiba anatenga kachitini kaja. Anaika kamemori m'foni mosamala, nakweza mawu mpaka pamapeto, naiika pakati pa mkeka.

"Tsiku lija makutu anga anali odzaza ndi maliro," anatero. "Zambiri sindinazigwire. Lero ndimve bwino."

Anadina.

"Asalamu aleikumu, amake Zuhura. Ndine."

"Wa aleikumu salamu," anayankha amayi onse pamodzi, ena akupukuta kale misozi. Anatchera khutu kudikira zotsatira.

Kafoni kaja kanali ndi chizolowezi chobwereza nyimbo ikatha.

"Asalamu aleikumu, amake Zuhura. Ndine."

Amayi aja anayang'anana. Atatu okha ndiwo anayankha, motsitsa.

"Asalamu aleikumu, amake Zuhura. Ndine."

"Foniyi yagwira," anatero mayi wina. "Tayizimitsani muyatsenso."

A Habiba sanasunthe. Maso awo anali pa kafoniko, ndipo nthawi iliyonse amuna awo akapereka moni, iwo ankayankha okha, mawu akunka nachepa. Anayankha kachinayi, kachisanu, kudikira kuti mwina ulendo uno apitiriza. Palibe amene analimba mtima kuwaletsa.

Zuhura sanathenso kupirira. Anakwawa pa mkeka, nazimitsa foniyo, nagwa pa miyendo ya mayi ake.

"Amayi, si foni. Ndine. Ndinatenga dzulo muli kubafa. Ndimafuna ndikupangireni ababa akulankhula pa kompyuta, ndiye ndinadula, zotsalazo zinafufutika. Madamu ayesetsa, zakanika. Dzulo ndinaopa kunena."

"Inna lillahi," ananong'ona a Maimuna, mawu amene timanena tikamva za imfa.

Zuhura ankayembekeza mbama, ndipo akanailandira mokondwa. Koma a Habiba anangochotsa miyendo yawo pang'onopang'ono m'manja mwake.

"Unamvera mpaka kumapeto usanadule?"

"Ayi, amayi. Moni wokha."

A Habiba anatseka maso. "Ndiye wadzibera wekha, mwanangu. Za ine zinali zochepa, zakuti ndiwakhululukire ndi zakuti makina ndisagulitse. Zimenezo ndinazigwira. Koma kuyambira pakati mpaka kumapeto ankalankhula ndi iwe. Anakutchula dzina katatu. Ine ndinkalira, sindinamve zimene ankakuuza. Ndinati si zanga, mwini wake adzamva yekha pa arubaini. Ndi chifukwa chake ndinkakukaniza. Ndimakusungira iweyo."

Amayi achibale aja anatuluka mmodzimmodzi. Zuhura analira mpaka mawu anasasa, ndipo panalibe womutonthoza, chifukwa aliyense m'nyumbamo anali ndi chake cholira.

6. Njira ya ku Liwaladzi

M'mawa mwake a Maimuna anapeza Zuhura akutsuka mapoto a dzulo kuseri kwa nyumba. Anakhala pa mtondo wogwetsa pafupi naye.

"Sindibwereza zimene ndinanena Lachitatu. Wazimva tsopano ndi thupi lonse. Ndabwera ndi nkhani ina. Uthenga uja sunabadwire pa kamemori. Bambo ako analankhula m'foni ya Nasra. Kaya anausunga, kaya anaufufuta atatipatsa, kaya foniyo ikadalipo, ine sindikudziwa. Ndamuimbira kawiri m'mawa uno, sakuyankha, ndipo sindikumudabwa. Iye ali pa eda ku Liwaladzi, mayi ako ali pa eda kuno. Onse awiri sangatuluke. Ine ndikhoza kupita, koma sindipita, chifukwa si ine ndinayang'ana khoma tsiku la maliro. Unkaganiza kuti sitinaone? Mayi uja anasamalira bambo ako masabata atatu, kuwatembenuza, kuwamwetsa phala. Anakupatsa moni pamaso pa anthu, iwe n'kumusiya ataima ngati wopempha. Lero chimene ukuchifuna chili m'manja mwake. Dziko ndi lotero, mwanangu. Chitseko chimene watseka ndi mwendo, mawa umakagogodapo ndi dzanja."

Zuhura analowa m'nyumba. Mayi ake anali atakhala pafupi ndi makina aja, kafoni kali pamiyendo. Kuyambira dzulo anali asanamulankhule.

"Amayi, ndipite ku Liwaladzi?"

Kwa zaka zisanu ndi ziwiri dzina la malo amenewo silinkatchulidwa m'nyumbamo.

"Pita," anatero a Habiba, osamuyang'ana. "Ukafika usakayambe ndi za foni. Uli ndi moni wa mwini umene sunabweze."

Cha m'ma naini koloko Zuhura anali ataima m'mbali mwa msewu wa M5, kudikira minibasi yolowera kumpoto. Anavala diresi yobiriwira ija, kamemori kali m'kapepala, atakamanga pa nsonga ya mpango. Nyumba ya a Nasra sankaidziwa. Nkhope yawo anaiona kamodzi kokha, ndipo ngakhale pamenepo anaipatsa nkhongo.

Minibasi inaima, kondakitala akukuwa za Dwangwa. Zuhura anakwera, nakhala pafupi ndi zenera. Milomo yake inkayenda yokha, kuyeserera mawu amene anachedwa nawo masiku makumi anayi ndi limodzi.

"Wa aleikumu salamu, amayi."